Basela wa ku Yunivesite

Kuno ku Nkhulambe mukafunsa munthu amene sanagulepo chinthu pamtengo umene mwiniwake watchula, aliyense akulozerani kwa a Eveles Makina. Ine ndine Zelifa. Takhala moyandikana kuyambira tili atsikana, ndipo pamsika timayala malonda malo amodzi, iwo makaka a chinangwa ndi nandolo, ine tomato. Ndiye zimene ndikunenazi sindinachite kumva kwa wina.

A Eveles amakhulupirira kuti mtengo woyamba ndi moni chabe. Wogulitsa akatchula, iwo amayamba aseka, kenako anyoze katunduyo, kenako anyamuke ngati akupita. Amayenda pang'onopang'ono, khutu lili m'mbuyo, mpaka amve mawu akuti, "Bwerani mayi, muli ndi zingati?" Akagwirizana mtengo nkhani sikhala kuti yatha, pamatsala basela. Ndinawaonapo akupempha basela kwa munthu wogulitsa mpando umodzi. Pamaliro a mayi awo ananenerera bokosi mpaka kalipentala anaoneka wachisoni kuposa anamfedwa.

Koma musawaweruze msanga. Sukulu analekezera panjira, makolo atasowa ya yunifolomu. Mwamuna wawo anapita ku Mozambique kukagula chimanga mwana wawo Atikonda ali kumsana, ndipo mpaka lero chimangacho akusankhabe. Mwanayo anamulera okha, ndi khasu komanso pakamwa. Ndalama iliyonse imene ankapulumutsa ponenerera inkasanduka kope, sopo, kapena nsapato za Atikonda. Namondwe uja atatigumulira nyumba, iwo anaumba njerwa okha n'kumanga ina, koma denga linakhala la udzu ndi pulasitiki. Chaka ndi chaka ankasunga nandolo kuti mtengo ukakwera agule malata, ndipo chaka ndi chaka sukulu inkafika patsogolo.

Atikonda anali ndi mutu. Atasankhidwa kupita ku yunivesite ina ya m'tauni, mudzi wonse unavina, ngakhale aja amene sanamugulireko pensulo. Fizi inachokera ku loni, pamwamba pake mbuzi ziwiri ndi nandolo wa chaka chimenecho. A Eveles anapereka mtima ukuwawa, chifukwa kunalibe munthu woti anenerere naye. Ndalama inangolowa kubanki mwakachetechete ngati yagwera m'chitsime.

Chaka choyamba chomwecho mwanayo anadwala malungo. Atachira anaimba foni n'kufotokoza kuti pasukulupo pali chipatala cha ana a sukulu, ndipo anamuyeza, n'kumupatsa mankhwala pazenera la famase.

"Unalipira zingati?" anafunsa a Eveles.

"Palibe amayi. Ndinangoonetsa khadi la sukulu, n'kusaina."

A Eveles anandiyang'ana nkhope ikuwala.

"Zelifa, ndimadziwa ine. Ndalama zonse zija angalandire osaikapo kanthu pamwamba? Ameneyu ndi basela."

Ine ndinati mwina tifunse bwino. Anandiyankha kuti wogulitsa tomato asaphunzitse wogulitsa nandolo malonda.

Kunayamba ndi msana wawo. Kuchoka kwathu kukafika kuchipatala ndi ulendo, ndipo nthawi zina ukafika amakulembera kuti ukagule wekha. Ndiye bwanji munthu avutike mwana ali pakhomo pa mankhwala? Anamuimbira Atikonda n'kumuphunzitsa bwinobwino.

"Ukanene kuti msana ukukuwawa cha m'munsimu, makamaka ukawerama polima."

"Amayi, kuno sitilima."

"Basi ukanene kuti ukawerama powerenga. Pita."

Atikonda si mwana wokana mayi ake. Anapita, anagwira msana, anamupatsa mapiritsi ndi mafuta opaka. Patchuthi anabwera nazo, msana wa a Eveles n'kupepuka.

Nkhani ya mankhwala simabisika pamudzi. Woyamba kufika anali a Fletcher, mchimwene wawo wa a Eveles, amene m'mimba mumawaotcha kuyambira kalekale. Iwo amati ndi mphepo ya kuphiri, ife timati ndi kachasu. Kenako anabwera amayi a kumpingo ndi chifuwa, aphunzitsi ena ndi maso oyabwa, ngakhale wa kabaza ndi bondo. Aliyense ankafika ndi mwambi womwewo, wakuti mwana wa mnzako ndi wako yemwe. Mbali yachiwiri ya mwambiwo, yakuti ukachenjera manja udya naye, sankaitchula, ankangoichita.

A Eveles sankagulitsa mankhwalawo, ichi ndiwachitire umboni. Ankangopereka. Koma wina akabwera ndi nkhuku kudzathokoza, sankaibweza, wina mtolo wa nkhuni, wina mbale ya nyemba za kalongonda. Mayi amene kale pamsonkhano wa mudzi ankakhala kumbuyo, tsopano ankapatsidwa mpando. Ena anayamba kuwatchula kuti adokotala, iwo n'kumakana mokweza kuti akutali amve. Loweruka lililonse ankakhala pakhonde ndi foni, akumuuza Atikonda matenda a sabata imeneyo. Mwana wathu uja pofika chaka chachitatu anali atadwala matenda a mudzi wonse, a amuna ndi a akazi omwe, kupatula khate.

Patchuthi ankabwera ataonda, maso atalowa m'kati. Ndinafunsapo. A Eveles anati ndi mmene atsikana a m'tauni akukondera masiku ano, ndipo maphunziro amadya thupi.

Chaka chachitatucho Atikonda anayesa kulankhula. Anati wamva kuti ndalama ya chipatala imene ili mu fizi ndi yoonanira ndi dokotala komanso timankhwala tochepa, monga ta malungo. Ena onsewo amalembedwa pa dzina la mwana wa sukulu, ndipo adzafunika kulipira asanamalize.

A Eveles anaseka.

"Adzatchule mtengo wawowo. Tidzanenerera."

Ichi chakoma, ichi chakoma, pusi anagwa chagada. Chaka chomaliza, mayeso otsiriza atayandikira, foni inalira tili pamsika. Atikonda ankalira mosamveka mawu. Bilu ya famase inali itatuluka, ndipo anamuuza kuti sapatsidwa chiphaso cholowera mayeso mpaka italipidwa. Akalephera kulemba, ndiye kuti zaka zinayi zija, mbuzi zija, zonse zidikire chaka china, ndi fizi ina imene panalibe poitenga. Atatchula ndalamayo, a Eveles anawerengera m'matumba a nandolo monga amachitira. Inkakwana matumba onse amene anali m'nyumba, oyembekezera malata.

Sanachite mantha. Anakwiya, mkwiyo wa munthu amene wapeza sikelo yobera.

"Basela amalipiritsa? Kandimverere anakanena za m'maluwa. Ndipita ndekha. Zelifa, konzeka."

Ndinakonzeka, pang'ono chifukwa cha chifundo, pang'ono chifukwa zoterezi munthu suyenera kuphonya. Tinakwera kabaza, kenako minibasi, m'mene a Eveles anamenyera nkhondo mpaka kondakitala anatichotsera kenakake kuti apume. Iwo anati chimenecho ndi chizindikiro chabwino.

Atikonda anatichingamira pageti. Ndinadzidzimuka. Siketi inkachita kumuzungulira. Mayi ake anangomuyang'ana mwachangu, maganizo ali pa nkhondo, n'kunena kuti awalondolere kwa mwini malonda.

Famase yake inali chipinda choyera, chozizira, chokhala ndi zenera lagalasi. Kuseri kwake kunali bambo wa magalasi, wolankhula Chichewa cha kumpoto, dzina lake a Malumbo. Anatilonjera mwaulemu. A Eveles anayamba monga mwa mwambo. Anafunsa za kunyumba, anayamikira ukhondo wa chipindacho, kenako anapempha kuti awatchulire mtengo. A Malumbo anatchula. A Eveles anaseka kuseka kwawo kuja kumene kumagwetsa mtengo wa usipa.

"Ayi bambo, tiyeni tilankhule ngati anthu. Womaliza ndi zingati?"

"Ndi womwewo mayi."

"Mankhwala akenso enawo anali osagwira. Aja a bondo, munthu akutsimphinabe mpaka lero."

A Malumbo anayang'ana bondo la Atikonda, kenako anayang'ana a Eveles. Ine ndinayang'ana kudenga.

Ataona kuti kunyoza katundu sikukuthandiza, anatulutsa chida chawo chachikulu. Anamanga chitenje, ananyamula chikwama, nati, "Basi, sungani. Tiyeni tizipita." Tinayenda m'khonde lalitali la chipatalacho pang'onopang'ono, iwo khutu lili m'mbuyo. Tinafika pakhomo. Tinatsika masitepe. Tinaima pansi pa mtengo wina panja, akunamizira kukonza mpango. Palibe anaitana. Titasuzumira, a Malumbo anali akuthandiza mwana wina wa chimfine.

"Anthu awa sadziwa malonda," anatero a Eveles.

"Amayi, mankhwalawo tinamwa kale," anatero Atikonda motsitsa mawu. "Asunga chiyani?"

Aka kanali koyamba kuwaona mnzanga akubwerera kwa wogulitsa asanaitanidwe. Ndinamva chisoni, ngakhale kuseka kunkandigwira.

A Malumbo sanatinyoze. Anatilowetsa m'kachipinda ka pambali, natipatsa mipando. Anafotokoza modekha kuti bilu yotere munthu angathe kuikana, ndipo ena amaikana n'kupambana. Ngati alembapo mankhwala amene mwana sanalandire, amachotsa. Ngati alemba kawiri, kapena aika mtengo wolakwika, amakonza. Ngati alipiritsa mankhwala amene ali kale mu fizi, amabweza. Anati iwo ayang'ana kale zonsezo Atikonda atabwera kudzadandaula, ndipo anapezadi mankhwala a malungo amene sanayenere kulipiritsidwa, n'kuwachotsa.

"Mwaona!" anatero a Eveles, akundigunda ndi chigongono. "Ayamba kutsika."

"Sindikutsika mayi, ndakonza cholakwika. Otsalawa analandira yekha, n'kusainira."

Apa a Eveles anaona kuti atulutse mfundo imene anaisunga m'njira monse. Anaimirira, namugwira Atikonda paphewa.

"Bambo, tamuyang'anani mwanayu. Ndinabereka ndine. Kuyambira ali wakhanda sanagonepo m'chipatala. Msana wa chiyani pa msinkhu uwu? Bondo la chiyani? Mwana wanga sadwala. Ndiye mukulipiritsa munthu wosadwala ndalama za matenda?"

Anakhala pansi mokhutira. Kwa iwo mlandu unali utatha.

A Malumbo anavula magalasi n'kuwapukuta.

"Mayi, mawu amenewo ndichite ngati sindinamve. Mukawanena kuofesi ya pamwamba, afunsa kuti ngati sankadwala, ankawauza chiyani madokotala athu, ndipo mankhwalawo ankapita kuti. Ikatero si nkhaninso ya bilu. Ndi mlandu wonamiza chipatala, ndipo umapita ku komiti ya chilango. Kumeneko mwana amatha kuchotsedwa sukulu."

A Eveles anali atabwera ndi mpeni woti adulire bilu, osadziwa kuti akuunola pakhosi pa mwana wawo.

"Ndiye kuti ndikati sankadwala, mumuchotsa. Ndikati ankadwala, ndilipira."

"Ndi momwemo."

"Malonda otani opanda pothawira?"

A Malumbo anatembenukira kwa Atikonda.

"Pali china chimene ine chimandivuta kuposa ndalamazi. Atikonda, ndinene pamaso pa amayi?"

Mwanayo anaweramitsa mutu. Patapita kanthawi anagwedeza kuvomera.

"Za msana ndi bondo, tisiye. Ifenso tinabadwira kumudzi, timadziwa mmene mawondo amayendera. Koma za m'mimba dokotala anamuyeza. Ali ndi zilonda za m'mimba, zenizeni, kuyambira chaka chatha. Timamupatsa mankhwala, akabwera ali chimodzimodzi. Timamupatsanso, akubwera ataonderatu. Dokotala mpaka anafuna kumutumiza kuchipatala chachikulu, poganiza kuti mwina pali china. Ine ndimangodzifunsa kuti mankhwala amenewa akulowa m'mimba mwa ndani."

Mapiritsi a m'mimba a Eveles ankawadziwa bwino. Ankawalandira okha kwa kondakitala wa minibasi, n'kukawapereka okha kwa a Fletcher, amene masiku amenewo ankayamikira kuti mphepo ya kuphiri yachepa.

"Atikonda," anatero, mawu atasintha, "aja a amalume ako aja?"

"Anali anga amayi."

"Bwanji sunanene?"

"Munati amalume akuvutika. Pazenera sapereka kawiri mankhwala amodzimodzi. Ndinaona kuti ine ndine mwana, ndipirira."

"Nanga kudya umadya?"

"Kamodzi patsiku. Ndalama imene mumatumiza ndimachotsapo yotumizira mankhwala pa minibasi."

Ndakhala ndi a Eveles pamaliro ambiri, a mayi awo omwe, ndipo sindinawaonepo akusowa chonena. Anangomuyang'ana mwanayo, kuyambira kumapazi mpaka kumutu, mmene amayang'anira thumba la nandolo ngati lafumbwa. Anamugwira dzanja, zala zawo n'kuzungulira mkono wonse mpaka kukumana. Ineyo misozi inatsika, sindibisa. Ndinakwiyanso, kukwiyira iwo, a Fletcher, mudzi wonse ndi mawondo ake, komanso mwana wopusa uja amene anaona kuti ulemu ndi kufa chamumtima.

A Eveles anatulutsa foni pakona ya chitenje, naimbira mchimwene wawo.

"Achimwene, tsegulani m'nyumba mwanga. Nandolo yense mutengere kwa mavenda lero lomwe."

Mawu a a Fletcher ankamveka mpaka pamene ndinakhala. Ankati mtengo uli pansi, adikire mwezi wamawa, ndipo venda amene alipo ndi uja wa sikelo yokayikitsa.

"Chimene atchule, landirani. Munditumizire pafoni."

"Achemwali, ndinu amene mukulankhula?"

"Ndine."

"Nanga malata?"

"Mvula sinaphepo munthu m'nyumba mwanga."

"Chabwino. Koma poti muli konko, musaiwale aja a m'mimba aja, atsala awiri okha."

A Eveles anadula foni.

Tinadikira pa benchi panja. Ndalama itafika inaperewera pang'ono, venda uja atachita zake, ndipo ine ndinaonjezerapo ya tomato. Kuofesi yolipirira, mtsikana wa pazenera anatchula ndalamayo. Ndinawayang'ana mnzanga, ndikudikira kuseka kuja. Milomo yawo inagwedezeka, chizolowezi chikufuna kutuluka, koma anachimeza. Analipira yonse. Mtsikanayo anadinda pepala, nauza Atikonda kuti akatenge chiphaso chake cha mayeso.

Tisananyamuke, a Eveles anabwerera kwa a Malumbo.

"Bambo, ndipatseni a m'mimba a mwezi uno. Musalembe pa dzina lake, ndilipira pompano."

Imeneyo inali ndalama yathu ya minibasi. Kubwerera kwake tinachita kupempha malo pa lole ya simenti.

A Eveles anamutengera Atikonda kumalo odyera, namugulira mpunga ndi nyemba. Anakhala moyang'anizana naye, osadya, akuwerenga ndi maso supuni iliyonse. Atamaliza, anatsegula okha paketi, naika piritsi m'dzanja la mwanayo. Atikonda analiyang'ana, kenako anayang'ana paketi yonseyo.

"Amayi, tigawane. Theka mupite nalo kwa amalume."

"Amalume ako ali ndi miyendo, ndipo njira ya kuchipatala akuidziwa."

"Koma akakhumudwa."

"Akhumudwe. Mudzi wonse ukhumudwe. Meza."

Anameza. A Eveles anamuuza kuti atsegule pakamwa, atukule lilime, ngati mwana wa zaka zitatu, pamaso pa ana a yunivesite onse aja. Atikonda anatsegula.